Svetozar Gligorić, ngwazi ya tchesi imene sidavale chisoti

Mukatenga mndandanda wa anthu amene adakhalapo akatswiri a dziko lonse pa masewero a tchesi, dzina la Svetozar Gligorić simulipeza. Muli Botvinnik, muli Tal, muli Fischer, Karpov ndi Kasparov, koma mwana wa ku Belgrade uyu mulibe, ndipo kunena zoona sadafikeko ngakhale pa ndime yomaliza yolimbirana mpandowo. Komabe atamwalira pa 14 Ogasiti 2012 ali ndi zaka 89, dziko la Serbia lidamugoneka m'chigawo cha manda a mumzinda wa Belgrade chimene amaikamo anthu okhawo amene mtundu wonse ukuwanyadira. Ulemu umenewu sudali wa pamaliro chabe, woti munthu wapita ndiye timunenere zabwino. Ine ndikuona kuti Gligorić adali mmodzi wa anthu akuluakulu enieni a tchesi m'zaka za m'ma 1900, ndi kuti amene amamuchepsa chifukwa sadavale chisoti akuyeza ukulu ndi muyezo woperewera.

Kwa amene masewerowa sadawazolowere, tchesi amasewera anthu awiri pa bolodi la timabwalo 64, aliyense ali ndi gulu lake la asilikali 16, wina oyera wina akuda, ndipo wopambana ndi amene wapanikiza mfumu ya mnzake mpaka kusowa kothawira. Mulibe mwayi wa maere m'masewerowa. Zonse zili poyera, ndipo wogonja amagonja chifukwa mnzake waona patali kuposa iye. Udindo waukulu umene bungwe la FIDE, loyendetsa tchesi padziko lonse, limapereka kwa wosewera ndi wa grandmaster, ndipo munthu akaulandira amakhala nawo moyo wake wonse. Bungweli lidayamba kupereka udindowu mu 1950 kwa anthu 27 okha, ndipo Gligorić adaulandira chaka chotsatira, mu 1951. Kuti tione kuvuta kwake, tikumbukire kuti kumwera kwa chipululu cha Sahara kuno tidadikira mpaka 2009 kuti Amon Simutowe wa ku Zambia akhale woyamba kuulandira.

Gligorić adabadwa pa 2 Febuluwale 1923 m'banja losauka. Bambo ake adamwalira iye akadali mwana, ndipo mayi ake ankalandira alendi m'nyumba kuti apeze chodyetsera banja. Mmodzi wa alendiwo ndiye adamuonetsa kayendedwe ka asilikali a tchesi ali ndi zaka pafupifupi 11. Ndalama yogulira zosewerera padalibe, choncho mnyamatayo adasema yekha asilikali ake ndi zotsekera mabotolo a vinyo. Pofika 1938 adali atapambana mpikisano wa kalabu ya tchesi ya mu Belgrade ali ndi zaka 15, ndipo mu 1939 dziko lake lidamuvomereza kukhala katswiri. Mayi ake adamwalira mu 1940, ndipo dokotala wina wokonda tchesi, Niko Miljanić, adamutenga kukhala naye ngati mwana wake. Kenaka nkhondo yachiwiri ya padziko lonse idalowa m'dziko lake la Yugoslavia mu Epulo 1941. Gligorić adalowa gulu la ankhondo a Josip Broz Tito amene ankalimbana ndi asilikali a Germany kuchokera m'mapiri, ndipo pomwe nkhondo inkatha adali kaputeni. Mbiri imeneyi ikukhudza mwachindunji nkhani ya kuyeza ukulu wake, pakuti zaka za pakati pa 18 ndi 22 ndi zimene wosewera tchesi amakula msanga kwambiri, ubongo ukadali wofewa, ndipo Gligorić adazitaya chifukwa cha nkhondo. Akatswiri a masiku ano pa msinkhu umenewo amakhala atasewera kale mipikisano yambirimbiri. Iye adachita kuyambiranso, koma mu 1947 adapambana mpikisano wa ku Warsaw pamwamba pa Vasily Smyslov ndi Isaac Boleslavsky, anthu awiri a m'gulu lotsogola la dziko la Soviet Union.

Dzina la dziko limeneli ndilo lili pa phata pa nkhani yonse. Kuyambira 1948 mpaka 1972 mpando wa katswiri wa dziko lonse sudatulukepo m'manja mwa anthu a ku Soviet Union: udachoka kwa Botvinnik kupita kwa Smyslov, kubwerera kwa Botvinnik, kupita kwa Tal, kubwereranso, kenaka kwa Petrosian ndi Spassky. Izi sizidachitike mwangozi. Boma la dzikolo lidatenga tchesi ngati umboni wa nzeru za ulamuliro wake, ndipo lidathirapo chuma. Ana aluso ankawasankha akadali aang'ono, akatswiri ankalandira malipiro a mwezi ndi mwezi, ankakhala ndi aphunzitsi ndiponso anzawo owathandiza kukonzekera, ndipo nzeru yatsopano imene mmodzi wapeza inkafufuzidwa ndi gulu. Munthu wochokera kunja akalowa mu mpikisano wosankha wokalimbana ndi katswiri wa dziko lonse, ankapezeka atazingidwa. Ku Zurich mu 1953, mwa osewera 15, okwana 9 adali a ku Soviet Union. Mu mpikisano wa 1959, umene udachitikira ku Bled, Zagreb ndi Belgrade, mwa osewera 8 anayi adali a dzikolo, ndipo anayiwo ndi amene adatenga malo anayi oyamba: Tal, Keres, Petrosian ndi Smyslov. Amene adabwera pambuyo pawo, atafanana mapointi, adali Gligorić ndi mnyamata wa zaka 16 wa ku America, Bobby Fischer. Choncho kunena kuti Gligorić sadakhale katswiri wa dziko lonse ndi kunena chinthu chimene chidachitikira aliyense wa kunja kwa Soviet Union kwa zaka 24, kupatula Fischer yekha, munthu amene adapereka moyo wake wonse ku tchesi mpaka kutsala wopanda china chilichonse.

Funso loyenera ndi lakuti munthu adachita chiyani m'kati mwa mpanda umenewo, ndipo apa zipatso za Gligorić zikuoneka poyera. Adakhala katswiri wa dziko la Yugoslavia kopitirira kakhumi, koyamba mu 1947 ndipo komaliza mu 1971, pamene dzikolo lidali lodzaza ndi osewera amphamvu. Adapambana mpikisano wakale wa ku Hastings ku England kasanu, adapambana ku Mar del Plata ku Argentina mu 1950 ndi 1953, ndipo mu 1958 ku Portorož adakhala wachiwiri, theka la pointi lokha pambuyo pa Mikhail Tal. Adagonjetsapo akatswiri a dziko lonse monga Euwe, Botvinnik, Smyslov, Tal ndi Petrosian, ndipo adagonjetsa Fischer kanayi. Koma pamene ndikuona kuti padaonekera kwambiri mphamvu zake ndi pa mpikisano wa matimu a mayiko, wotchedwa Olympiad. Adaimira dziko lake maulendo 15 pakati pa 1950 ndi 1982, pafupifupi nthawi zonse pa bolodi loyamba, pamene wosewera amakumana ndi munthu woopsa kwambiri wa dziko lililonse tsiku ndi tsiku popanda popumira. Timu yake idatenga mendulo 12 iye ali momwemo: ya golide imodzi, za siliva zisanu ndi imodzi, ndi za buronzi zisanu. Ku Munich mu 1958 iye payekha adatenga mendulo ya golide ya bolodi loyamba ndi mapointi 12 pa masewero 15, pamwamba pa Botvinnik amene pa nthawiyo adali katswiri wa dziko lonse. Chaka chomwecho adasankhidwa kukhala wamasewero wopambana onse m'dziko la Yugoslavia, dziko lokonda mpira wamiyendo, ndipo ulemu wotere supita wambawamba kwa munthu amene masewero ake ndi okhala pampando.

Wotsutsa angakumbutse kuti mendulo ya golide ya timu ija, ya ku Dubrovnik mu 1950, idabwera a Soviet Union palibe. N'zoona. Tito adali atakangana ndi Stalin, mtsogoleri wa Soviet Union, mu 1948, ndipo mayiko a mbali ya Moscow sadapite ku Dubrovnik. A Soviet Union atangolowa mu mpikisanowu mu 1952 adapambana ulendo uliwonse mpaka 1974. Sindikufuna kukometsa mendulo ya 1950 kuposa momwe ilili, ngakhale kuti Argentina ya Miguel Najdorf imene idakhala yachiwiri sidali timu yocheza nayo. Koma mfundo yotsutsayi ikayendetsedwa mpaka kumapeto imasanduka umboni wa mbali yanga. Mendulo 11 zotsalazo zidabwera a Soviet Union alipo, ndipo kukhala wachiwiri kasanu ndi kamodzi pambuyo pa timu imene wosewera wake wodikirira panja amatha kukhala katswiri wa dziko lonse wakale kapena wamtsogolo, kukutanthauza kuti dziko laling'ono la ku Balkan linkaposa America, Hungary, Argentina ndi West Germany mobwerezabwereza kwa zaka zoposa 20.

Chotsutsa cholemera kuposa chimenechi ndi chakuti pamene zinthu zidafika povuta kwenikweni Gligorić ankaperewera. Ku Zurich mu 1953 adathera pa nambala 13. Mu 1968 adakumana ndi Tal mu Belgrade momwe, kwawo, adapambana sewero loyamba, koma pamapeto adagonja ndi mapointi 3½ kwa 5½. Gligorić sadagonjetsepo Spassky, Karpov kapena Kasparov. Izi siziyenera kubisidwa, ndipo ndikuvomera kuti pa mphamvu yokhayokha ya pa bolodi adali sitepe imodzi pansi pa anthu asanu kapena asanu ndi mmodzi opambana a nthawi yake. Tingowonjezera kuti polimbana ndi Tal iye adali ndi zaka 45 pamene mnzakeyo adali ndi 31, ndipo kufika pa ndime imeneyo pa msinkhu wotero n'chinthu chosowa. Koma ngakhale titasiya zaka pambali, mpando wa dziko lonse umangotiuza amene adali wamphamvu kuposa onse pa chaka chakutichakuti. Sutiuza amene adasintha kaseweredwe ka anthu ena onse, ndipo pa muyezo wachiwiriwu Gligorić akuposa ena mwa amene adamugonjetsa.

Chitsanzo chomveka bwino chidachitika ku Mar del Plata mu 1953. Pa tchesi, kayendetsedwe ka asilikali koyambirira kali ndi njira zodziwika zimene zili ndi maina, monga momwe wosewera bawo wozolowera amadziwira kumene kutakata kwakutikwakuti kukathere asadagwire n'komwe nkhomo. Imodzi mwa njirazo ndi King's Indian Defence, imene mwini asilikali akuda amalola mnzake kutenga pakati pa bolodi, iye n'kudzikundikira kumbuyo kudikira nthawi yobwezera. Pa nthawiyo ambiri ankaikayikira njirayi, poona kuti woyera akatseka pakati amakhala ndi malo ambiri ndipo amathyola mbali ya mfumukazi mosavuta. Najdorf adali katswiri wa kuthyola kotereku. Atakumana naye, Gligorić adachita chinthu chimene maphunziro akale ankaletsa: adatenga tiasilikali tating'ono totchinga mfumu yake yomwe n'kutiyendetsa chamtsogolo, kamodzikamodzi, kulunjika kumene kuli mfumu ya Najdorf, ndipo kumbuyo kwake adakonza asilikali akuluakulu m'njira yoti msilikali mmodzi yemweyo azitchinga kwawo uku akuthandiza kuukira. Nzeru yake idali yakuti pakati pa bolodi pakatsekeka, mfumu yovulidwa zotchinga siikhala pangozi msanga, chifukwa adani alibe podutsira. Zikatero sewero limasanduka liwiro. Woyera akuthyola kumanzere kuti adye asilikali, wakuda akuthyola kumanja kuti agwire mfumu, ndipo wogwira mfumu akangofika, zonse zimene mnzake wadya zilibenso ntchito. Najdorf adagonja. Chimene chikuonetsa kulemera kwa nzeruyi ndi zimene zidatsatira miyezi yochepa pambuyo pake ku Zurich: Najdorf yemweyo adatenga njira imene idamugwetsa n'kuigwiritsa ntchito pa Mark Taimanov, ndipo adapambana sewero limene mpaka lero limaphunzitsidwa ngati limodzi la okongola kwambiri a mpikisano umenewo. Njirayi imatchedwa dzina la mzinda wa Mar del Plata, ndipo Fischer, Kasparov ndi Hikaru Nakamura, aliyense m'nthawi yake, adamenyera nkhondo zawo m'bwalo limene Gligorić adalambula. Palinso njira zina zotchedwa dzina lake mu King's Indian momwemo, mu Nimzo-Indian ndi mu Ruy Lopez. Mu 1970, pa mpikisano wa ku Rovinj ndi Zagreb, adagonjetsa Petrosian, munthu amene ankadziwika kuti ndi wovuta kumuthyola kuposa wina aliyense, popereka hatchi yake dala kuti atsegule njira yopita kwa mfumu.

Ntchito yake ina idali ya cholembera. Gligorić adali mtolankhani weniweni, wolemba m'nyuzipepala ndi wolankhula pa wailesi ya Belgrade, wodziwa zilankhulo zingapo, ndipo kwa zaka zambiri ankalemba nkhani ya mwezi ndi mwezi m'magazini a tchesi a ku America, m'mene ankatenga sewero limodzi n'kulimasula kuti wosewera wamba amvetse chifukwa chimene msilikali aliyense adayendera momwe adayendera. Buku lake lonena za mpikisano wa Fischer ndi Spassky wa ku Reykjavik mu 1972 lidagulidwa kwambiri ndipo lidamasuliridwa m'zilankhulo zambiri. Kwawo, mbadwo wonse udakulira pansi pa mthunzi wake: Borislav Ivkov, amene mu 1951 adakhala katswiri woyamba wa achinyamata padziko lonse, Aleksandar Matanović, Milan Matulović, kenaka Ljubomir Ljubojević. Sindikunena kuti onsewa adawaphunzitsa ndi iye. Ndikunena kuti dziko likakhala ndi munthu mmodzi amene akukhala pa tebulo limodzi ndi akuluakulu a dziko lonse chaka ndi chaka, ana amayamba kukhulupirira kuti n'zotheka, eni ndalama amayamba kukonza mipikisano, ndipo manyuzipepala amapatula malo. Mu Belgrade momwemo ndi m'mene mudayambira Šahovski informator mu 1966, buku lotuluka kawirikawiri losonkhanitsa masewero abwino a padziko lonse, limene makompyuta asadabwere katswiri aliyense ankayenda nalo m'chikwama. Ndipo mu 1970 mzindawu udalandira mpikisano wa Soviet Union kulimbana ndi mayiko ena onse pamodzi, umene a Soviet Union adapambana ndi pointi imodzi yokha, 20½ kwa 19½, Gligorić akusewera pa bolodi lachisanu.

Ena anganene kuti ndikumujambula ngati munthu woyenda yekha, chonsecho Yugoslavia nalonso lidali dziko la chikomyunizimu limene boma lake linkathandiza tchesi. Pali choonadi pamenepo. Boma la Tito lidaona phindu la mipikisano ikuluikulu, ndipo malo a dzikolo, losakhala mbali ya Moscow kapena ya Washington, adapatsa osewera ake ufulu woyenda kum'mawa ndi kumadzulo komwe, umene anzawo a ku Soviet Union ankachita kupempha. Owerenga a ku Zambia akudziwa bwino mbali imeneyi, pakuti gulu la mayiko osakondera mbali lidachita msonkhano wake woyamba ku Belgrade mu 1961 ndipo wachitatu ku Lusaka mu 1970. Koma thandizo limasiyana kukula. Gligorić adagwira ntchito ya utolankhani kwa zaka zambiri uku akusewera, nthawi zina kutumiza nkhani za mpikisano womwewo umene iye akupikisana nawo, ndipo nzeru ngati ya ku Mar del Plata adaipeza popanda gulu la ofufuza kumbuyo kwake. Ndiponso boma limathira ndalama pamene laona kuti pakutuluka ulemu, ndipo amene adayamba kubweretsa ulemuwo ndi iye pamodzi ndi anzake a ku Dubrovnik.

Patsala nkhani ya khalidwe lake, imene anthu ena amaiona ngati yokongoletsera chabe. Buku la mbiri ya moyo wake adalitcha Igram protiv figura, kutanthauza kuti iye amalimbana ndi asilikali a pa bolodi, osati munthu amene wakhala kutsidya kwa tebulo. M'masewero amene akatswiri ena ankachita kudzikwiyitsa dala kuti adane ndi mnzawo asadayambe kusewera, iye sankafuna kuopseza munthu ndi maso kapena kumusokoneza maganizo. Fischer, amene adakangana ndi pafupifupi aliyense, adakhala bwenzi lake kuyambira pamene adakumana mu 1958, ndipo pokonzekera kukumananso ndi Spassky mu 1992, atatha zaka 20 osasewera poyera, adasewera masewero oyeserera ndi Gligorić. Pali amene amaganiza kuti kufatsa kumeneku ndiko kudamumana mpando, kuti adasowa kaukali kamene kamafunika pa ndime yomaliza. Mwina pali kachoonadi, koma umboni wake ndi wofooka. Smyslov ndi Spassky adali anthu ofatsa ndipo adavala chisoti, pamene Viktor Korchnoi, amene ukali wake udali wodziwika kulikonse, sadachivale. Ndipo munthu amene adayendetsa zotchinga mfumu yake pamaso pa Najdorf, n'kupereka hatchi kwa Petrosian, sitingamunene kuti adali wamantha pa bolodi.

Chikhulupiriro chimene anthu adali nacho pa iye chidamufikitsa pa maudindo ena, ndipo si onse amene adamuyendera bwino. Mu 1978 adapikisana nawo pa utsogoleri wa FIDE ku Buenos Aires koma adagwa pa ndime yoyamba, mpandowo n'kupita kwa Friðrik Ólafsson wa ku Iceland. Mu 1984 adasankhidwa kukhala woweruza wamkulu wa mpikisano wa Karpov ndi Kasparov ku Moscow, umene lamulo lake lidali lakuti woyamba kupambana masewero asanu ndi limodzi ndiye katswiri. Karpov adatsogola 5 kwa 0, kenaka zinthu zidayamba kutembenuka mpaka 5 kwa 3, ndipo pa 15 Febuluwale 1985, atasewera masewero 48, mtsogoleri wa FIDE Florencio Campomanes adauimitsa popanda wopambana. Kasparov adakwiya kwambiri ndi momwe akuluakulu adayendetsera nkhaniyo, ndipo woweruza wamkulu sakadatha kutuluka m'fumbi lotere osadetsedwa. Amene akufuna kupeza banga pa mbiri ya Gligorić alipeze apa, ngakhale kuti chigamulocho adalengeza ndi Campomanes, ndipo cholakwika chachikulu chidali m'lamulo lolola mpikisano wopanda malire.

Dziko limene adalimenyera nkhondo ndi kuliimira pa bolodi lidagawikana iye akuona m'zaka za m'ma 1990. Atakalamba adatembenukira ku nyimbo, n'kuyamba kuphunzira kupeka ali ndi zaka za m'ma 80, ndipo mu 2011 adatulutsa chimbale cha nyimbo zake. Atamwalira, bungwe la FIDE lidakhazikitsa mphotho ya wosewera wachilungamo yotchedwa dzina lake, ndipo mu 2020 idapita kwa Magnus Carlsen. Pa mpikisano wina wa pa intaneti, Ding Liren wa ku China adagonja kwa Carlsen chifukwa intaneti yake idaduka pamene sewero linkapita kofanana mphamvu. Pa sewero lotsatira Carlsen adangoyendetsa asilikali kangapo n'kuvomera kugonja mwadala, kuti pointi imene sadaigwirire ntchito ibwerere kwa mwini wake.